Unkhoswe Wanga Unathera m'Ngalande ya ku Japan

Wina akadzandiweramiranso pakhomo la tchalitchi ndidzamuwomba khofi, kaya ndi mkulu wa mpingo kaya ndi mwana wa Sande sukulu. Ndatopa nazo. Tsiku lina ndikulowa bwinobwino Baibulo lili m'khwapa, amayi a kwaya onse anangoti pansi weramu, wina n'kukuwa kuti, "Mlatho!" Anthu akuluakulu, ena ali ndi adzukulu, kumaseka mpaka kugwira m'mimba. Ndiye popeza kavidiyo kaja nonse munakaona, Dublin yense kuyambira ku Ongar kuno mpaka ku Citywest, koma palibe ndi mmodzi yemwe anabwera kudzandifunsa kuti zinayamba bwanji, lekani ndifotokoze ndekha.

Mwini nkhani ndi Yamikani, mwana wa mlongo wanga. Mnyamatayu anabwera ku Dublin kudzaphunzira ku yunivesite, ndiye m'malo mongotenga digiri yake n'kukhala phee, anakapezako mtsikana wa ku Japan dzina lake Haruka. Mtsikanayo ndi wabwino, sindinganame, ulemu wake umaposa wa ana anga obadwira kuno amene ukawaitana amangoti "What?" ali pafoni. Vuto linali bambo ake. Mkuluyo anakanitsitsa kuti mwana wake sangakwatiwe ndi munthu amene abale ake sanawaonepo ndi maso. Haruka nayenso anati popanda chilolezo cha bambo ake ukwati palibe, ndipo sukulu yake inali itatsala pang'ono kutha, kutanthauza kuti akangobwerera kwawo, basi zathera pomwepo. Mlongo wanga ali ku Dedza ndipo pasipoti alibe. Bambo ake a Yamikani anatisiya kalekale. Ndiye wotsala anali ndani? Ine, malume ake, nkhoswe.

Ndinavomera mosanyinyirika, ndipo kunena zoona ndinanyada. Kuno ku Dublin pakakhala chinkhoswe amaitana ine, pakagwa maliro amaitana ine, banja likayamba kugwedezeka foni imalira ndi yanga. Ndiye kakhale kuyankhula ndi nkhalamba imodzi ya ku Japan?

"Ankolo, kumeneko kulibe zovuta," anatero Yamikani. "Mungoona zimene ena akupanga, inunso mupange the same. Koma main thing ndi kuwerama. Munthu akakulemekezani kwambiri, amaweramanso kwambiri."

Mawu amenewo ndinawasunga mumtima, ndipo ndi omwe anandipha. Ndinayamba kuyeserera. Ndikaweruka ku nyumba yosamalira okalamba kumene ndimagwira ntchito, ndinkaima pagalasi la m'bafa n'kumadziweramira ndekha. Kuntchito komwe ndinkaweramira aliyense, mpaka gogo wina wachizungu anandifunsa ngati ndataya chinachake pansi. Kenako ndinalowa m'tauni n'kugula nsapato zatsopano, zosongoka, zowala moti umadziona nkhope. Kwathu nkhoswe amayamba kuiyang'ana kumapazi, zimenezo aliyense amadziwa.

"Bambo a Chisomo, nsapato mwagula," anatero mayi akunyumba, "nanga masokosi?"

"Masokosi amaonedwa ndi ndani?" ndinawayankha choncho, chikwama n'kutseka.

Ndimalankhula ndine wamkulu, wa mano onse m'kamwa.

Tinafika ku Japan. Kwawo kwa Haruka ndi katauni kakang'ono, kakalekale, kamene ngalande zake n'zambiri ngati misewu. Madzi amadutsa kuseri kwa nyumba za anthu, mitengo itagwetsera nthambi m'madzimo, paliponse poyera moti ungadyerepo. M'mawa wa tsiku lalikululo ndinapeza kuti masokosi ochapa atsala amodzi okha, aja ndinapatsidwa kuntchito pa Khirisimasi, ofiira, okhala ndi nkhope ya Father Christmas, ndipo lakumanja linali lobooka pachala chachikulu. Ndinavala osadandaula, suti pamwamba, taye pakhosi, nsapato zija phuliphuli. Ine ndinkadziwa kuti tikupita kunyumba, tikakhala pabalaza, atipatsa tiyi, tikambirana ngati anthu.

M'malo mwake Haruka anatitengera kumtunda kwa ngalande. Akuti bambo ake, pofuna kutipatsa ulemu waukulu, abwereka bwato lonse kuti tizikambirana tikuona tauni. Bwato! Abale anga, ine ndine wa ku Dedza, mwana wa m'mapiri. Madzi ndimawadziwa a m'ndowa. Tikapita ndi ana ku Dún Laoghaire ndimayenda pakati penipeni pa msewu uja wolowa m'nyanja, mwana akasendera kumphepete ndimamukalipira. Ndiye bwato lake si la injini ayi, ndi chithabwa chachitali chafulati, chopanda mipando, pansi atayala mphasa, ndipo kumbuyo kwaima mkulu wina wa chipewa cha udzu atagwira nsungwi yaitali yokankhira. Ndinamuyang'ana Yamikani ndi diso loipa, iye n'kuyang'ana kumbali.

Bambo a Haruka anali wamfupi, waimvi, nkhope yosagwedezeka ngakhale pang'ono. Anawerama, ine n'kuwerama. Mayi a Haruka anawerama, ine n'kuweramanso. Pamenepo ndiye ndinakhoza, palibe anganditsutse. Koma ndikuti ndiponde m'bwato, ndinangoona aliyense akuvula nsapato n'kuziika pakona. Akuti pamphasa ija sapondapo ndi nsapato. Nsapato zanga zija, zimene ndinazungulira nazo Dublin yense, zinakaikidwa pakona pafupi ndi chidebe chokapira madzi, ndipo amene analowa m'bwato kukafunsira mbeta anali Father Christmas ndi chala changa chachikulu.

Ndinachita changu. Ndinagwada n'kukhalira mapazi anga onse awiri, jekete n'kuphimba kumbuyo. Anthu ena onse anakhala momasuka, wina atapinda miyendo, wina atatambalala. Bambo aja anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako nawonso anadzikonza n'kugwada ngati ine.

"Ankolo, mwatha!" ananong'ona Yamikani. "Kumeneko ndiye kukhala kwa ulemu kwa kuno. Akuti ngakhale ma youth a kuno sakwanitsa. Musasunthe."

Musasunthe. Ndimalemera ngati matumba awiri a chimanga, ndipo zonsezo zinali pa akakolo anga. Bwato linanyamuka, mkulu wa nsungwi uja akukankha pang'onopang'ono ngati alibe kopita, akulozera nyumba zakale, akufotokoza m'chiyankhulo chawo, anthu akugwedeza mitu. Ine sindinaone nyumba ngakhale imodzi. Mapazi anayamba kuyabwa, kenako kutentha, kenako kubaya ngati ndaponda minga, kenako anangoti zii, osawamvanso. Tinadutsa pansi pa milatho ingapo yotalikirapo bwino, ndipo palibe amene anandiuza kuti kutsogolo kuli ina ya mtundu wina. Yamikani amati anandiuza. Ndi wabodza.

Tili pakati pa ulendo, mayi aja anatulutsa timabokosi tathabwa tokongola, aliyense kake. Haruka anandinong'oneza kuti bambo ake ali ndi malo odyera amene anasiyiridwa ndi agogo awo, ndipo chakudya chimenechi aphika okha ndi manja awo, analawira m'mamawa chifukwa cha ine. Ndinatsegula. Pamwamba pa mpunga panali tizidutswa tofiirira, tonona, tofuka nthunzi.

"Ndi nsomba yanji imeneyi?" ndinafunsa chapansipansi.

"Eel, ankolo. Mkunga."

Mkunga! Nsomba ija yaitali yoterera ngati njoka! Kwathu chinthu chooneka choncho timachipha ndi ndodo n'kukachiponya kuchimbudzi, sitichiika pa mpunga. Mtauni yonse ija munalibe nkhuku? Ng'ombe zinatha? Kukana sindikanatha, mwini wake anali patsogolo panga akundiyang'anitsitsa. Kutaya m'madzi sindikanatha, mayi aja anakhala mbali yomweyo. Mwayi unabwera pamene woyendetsa bwato anayamba kuimba nyimbo yawo yachikale, onse n'kutembenuka kumamuwombera m'manja. Ndinatulutsa kampango kanga, tizidutswa tonse kukulungamo, n'kulowetsa m'thumba la mkati mwa jekete. Mpunga wokha ndinakokota. Atatembenuka, bambo aja anaona bokosi lili mbee, ndipo anagwedeza mutu kamodzi, pang'ono kwambiri. Haruka anamwetulira, Yamikani anapuma mpweya wautali, ine n'kumamva mafuta ofunda akulowerera m'malaya.

Tsopano inakwana nthawi yoti nkhoswe iyankhule. Ndinamuuza Yamikani kuti ayatse foni ajambule zonse, mayi ake ku Dedza akaone m'mene mchimwene wawo anagwirira ntchito. Mwamva bwino, kavidiyo kaja ndinalamula ndine. Kenako ndinayamba kudzuka. Woyendetsa bwato ananenapo kanthu, Haruka n'kumasulira kuti akuti m'bwato muno ndibwino kukhala pansi.

"Muwauze kuti kwathu nkhoswe siyankhula za ukwati itakhala pansi," ndinatero. "Ndi mwambo."

Bodza lenileni. Kwathu nkhani zimenezi timakambirana titakhala pamphasa, nonse mukudziwa. Ine ndinkangofuna magazi abwerere m'miyendo ndisanalumale. Koma atangomva kuti ndi mwambo, bambo aja anakweza dzanja, woyendetsa bwato n'kukhala chete. Ndinagwira phewa la Yamikani, n'kudzikoka mpaka kuima kutsogolo kwa bwato, nkhope kwa anthu, msana kumene tinkapita. Miyendo sindinkaimva n'komwe, ndinkangoona ndi maso kuti ilipo. Za masokosi ndinali nditazitaya, ndinati mawu anga aphimba zonse.

Ndipo ndinayankhula, abale. Ine Chingerezi, Haruka akumasulira. Ndinanena za mtundu wathu, kuti sitimenya akazi, kuti mkamwini wochokera kwathu amalima mpaka munda wa apongozi. Ndinanena za Yamikani, mwana wamasiye amene ankawerenga ndi koloboyi mpaka kukwera ndege. Mawu ankangobwera okha. Ndili pakati, ndinaona mayi aja akuweramitsa mutu. Ndinati eya, yawakhudza. Ndinawonjezera moto. Haruka naye anawerama, mawu ake akumveka chapansi. Kenako, abale anga, bambo aja, mwala uja, anayamba kutsika pang'onopang'ono, mutu, mapewa, msana, mpaka chipumi chinagunda mphasa.

Munthu akakulemekezani kwambiri, amaweramanso kwambiri. Si mmene anandiphunzitsira? Misozi inalengeza m'maso mwanga. Ndinati mumtima, Yehova, nkhalamba yagonja, ukwati watheka, ndipo wautheketsa ndi ine mwana wa ku Dedza. Ndinawerama pang'ono powabwezera ulemu, kenako ndinadzuka n'kutambasula manja onse awiri kuti ndimalize mwamphamvu. Woyendetsa bwato anali akukuwa, ine n'kumati akuvomereza. Kenako nayenso anagwetsa nsungwi n'kunyonyomala. Yamikani anali atagona chagada, foni ili m'mwamba, dzanja lina akukoka buluku langa.

"Ankolo, khalani pansi! Khalani pansi!"

"Iwe, akulu akamayankhula umatero? Ndisiye!"

"Ankolo, bridge!"

Ndinacheuka. Chimlatho chamiyala, chakuda, chotsika moti ngakhale mbuzi ikanawerama, chinali pamphuno panga. Ndinauza miyendo kuti pindikani. Miyendo inakana, inali idakali ku tulo. Chimene ndinakwanitsa ndi kuukumbatira mlathowo ndi manja awiri, ndipo bwato, popeza lilibe mabuleki, linangopitirira pansi panga ndi asewele anga onse ali chigonere. Ndinatsala ndikulendewera, suti yakwera mpaka m'khosi, Father Christmas akupalasa m'mwamba, chala chili panja. Pamwamba pa mlatho panali alendo ena odzaona malo, ndipo m'malo mondigwira dzanja anayamba kujambula. Ndikufunseni inu, anthu amene amapanga galimoto zimene dziko lonse likuyendera, analephera bwanji kukweza mlatho pang'ono chabe? Simenti inawathera?

Manja anatopa. Ndinangomva kuti phava!

Zimene ndinakuwa m'madzimo munazimva nokha, sindibwereza zonse. Ndinaitana mayi anga amene anamwalira kalekale. Ndinauza Yamikani kuti akauze mayi a Chisomo kuti mtembo wanga usakaikidwe ku Ireland. Ndinamenya madzi, ndinamwa madzi, ndinalapa machimo ndi amene sindinachite omwe. Bwato linabwerera chambuyo, ndipo ndinamva mawu a mwana uja.

"Ankolo, imirirani!"

"Ndikufa ine, iwe ukuti chiyani?"

"Imirirani basi! Just stand up!"

Mwana yemweyo amene posachedwa ankati ndikhale pansi. Ndinaponda pansi mwaukali kuti ndimusonyeze kuti sizingatheke, ndipo ndinapezeka ndaima. Madzi ankalekeza m'chiuno. Kabakha kena kanadutsa pambali panga osandilabadira n'komwe.

Anandikokera m'bwato anthu atatu. Palibe anaseka, ndipo zimenezo zinandipweteka kuposa kuseka. Mayi aja, mwa chifundo chawo, anandivula jekete kuti alifinye. Ndinakumbuka mochedwa. Atangolitembenuza, kampango kaja kanagwa pamphasa kuti thapsa, n'kumasuka, tizidutswa tonse ta mkunga n'kumwazika patsogolo penipeni pa maondo a munthu amene analawira m'mamawa kukatiphika.

Haruka anaphimba nkhope ndi manja. Bambo aja anayang'ana nsomba yawo, n'kuyang'ana ine, n'kuyang'ananso nsomba. Manyazi a mlatho anachepa pomwepo, apa ndinachita mantha enieni, chifukwa ndinaona kuti ndamuphera mwana wa mlongo wanga ukwati ndi manja anga. Mkuluyo anafunsa funso limodzi lalifupi. Haruka sanamasulire. Amene anayankha ndi Yamikani, m'Chijapani chake chothyokathyoka, thukuta lili kamukamu, akuloza ine, akuloza nsomba, akuloza kutali. Nkhope ya bambo ija inayamba kusintha.

"Wawauza chiyani?" ndinafunsa mano ali gwagwagwa.

"Ndati inakukomerani kwambiri moti simunafune kudya nokha, munasungirako auntie ku Dublin. Ankolo, please, ingogwedezani mutu."

Ndinkafuna kumutsamwitsa. Koma ankandiyang'ana ngati tsiku lija tinkaika bambo ake m'manda, ndipo Haruka ankandisuzumira pakati pa zala. Ndinagwedeza mutu. Bambo aja anandigwira dzanja ndi manja awo onse awiri, n'kulankhula mawu ambiri kuposa onse amene analankhula tsiku lonselo. Haruka anamasulira akusisima kuti akuti munthu wokonda mkazi wake chonchi, komanso wodziwa chakudya chabwino chonchi, sangachoke m'tauni muno ndi njala.

Ndi mmene ndinapezekera m'malo awo odyera aja, nditavala mkanjo wa bambowo umene unkandilekeza pamwamba pa maondo, suti yanga ili pachingwe, patsogolo panga pali chimbale cha mkunga chokwanira anthu atatu. Mwini wake anakhala moyang'anizana nane, manja atapinda, kudikira. Yamikani anali pambali akupemphera ndi maso. Ndinatseka maso, ndinaganiza za mlongo wanga, ndinameza. Ndinamezanso. Ndikamaliza chidutswa ndinkati "Mmm!" mkulu uja n'kuwonjezera china. Musandifunse ngati inkakoma, funso limenelo sindiyankha, ndidakali wokwiya. Chimene ndinganene n'chakuti mbale ija ndinaisiya ili mbee, ndipo ulendo uno m'thumba munalibe kanthu chifukwa mkanjowo unalibe matumba.

Nditameza chomaliza, bambo aja anaimirira, anamuyang'ana Yamikani, n'kunena mawu ochepa. Haruka analira mokweza, mayi ake n'kuliranso. Anavomera. Ndinati bola, zowawa zanga sizinapite pachabe. Koma mkuluyo anali asanamalize. Anati ukwati udzachitikira m'tauni momwemo chaka chamawa, ndipo mwa mwambo wawo mkwatibwi amayenda pa bwato m'ngalande zonse anthu akuonerera m'mbali, abale akuluakulu atakhala kutsogolo. Anatinso za chakudya changa ndisadere nkhawa, adzandiphikira mbale yangayanga.

Kavidiyo kaja Yamikani anatumizadi kwa mayi ake, akuti poti ndinalamula ndine. Mlongo wanga amalumbira kuti anangotumizira mnzake mmodzi yekha wa kumpingo. Mmene ndege imatera ku Dublin, kanali katafika kale ku Lilongwe, ku Joni, ndi pa gulu lathu lonse la pafoni, wina atakaikamo ndi nyimbo. Ndinafika pakhomo ku Ongar nditatopa, ndikuyembekeza kuti mwina mkazi wanga yekha andimvera chisoni. Anatsegula chitseko, sanandiyang'ane kumaso, anayang'ana kumapazi.

"Takulandirani, bambo a Chisomo," anatero. "Paja masokosi amaonedwa ndi ndani?"

Ndiye mvetserani nonse amene mukuseka. Ku ukwatiko ndipita, chifukwa ndinaumezera njoka ukwati umenewu ndipo palibe wina adzakhale pampando wanga. Masokosi ndagula kale, akuda, ndipo ndimawayendera ndi chala m'kati mlungu uliwonse. M'bwatomo ndidzangolowa n'kugona chafufumimba kuyambira ponyamuka mpaka pofika, amene akufuna mawu a nkhoswe adzawamvera pamtunda. Ndipo kuimirira anthu ena onse atawerama, zimenezo ndinasiya mpaka kalekale. Lamulungu lapitali abusa atati tiyeni tiweramitse mitu tipemphere, mpingo wonse unawerama, ine ndinayamba ndacheuka kaye kumbuyo.